Koichi Sugiyama, mkulu amene anatengera nyimbo za magemu ku holo ya orchestra

Pa 20 Ogasiti 1987, ku Suntory Hall mumzinda wa Tokyo kunafika anthu amene holoyo inali isanawazolowere. Inali holo yatsopano ya mipando pafupifupi 2,000, yotsegulidwa chaka chapitacho, ndipo anaimangira nyimbo za akatswiri akale a ku Ulaya zimene anthu amamvera ali duu, atavala masuti. Koma tsikuli kunabwera ana a sukulu ndi makolo awo. Chigawo choyamba anawaimbira nyimbo za Camille Saint-Saëns wa ku France. Chigawo chachiwiri ndiye chimene anawo anadzera: nyimbo za gemu ya Dragon Quest, zomwe ankangozimva zikulira m'timasipika ta TV kunyumba, tsopano zikutuluka m'mavayolini ndi m'malipenga enieni. Amene anaima kutsogolo ndi kandodo, monga achitira kwayamasitala kutchalitchi, anali mwini wake wa nyimbozo, bambo wa zaka 56 dzina lake Koichi Sugiyama.

Ambiri amati imeneyi ndiyo inali konsati yoyamba padziko lonse ya nyimbo za magemu yoimbidwa ndi orchestra, gulu lalikulu la oimba ndi zida monga mavayolini ndi malipenga. Lero mwambowu uli ponseponse. Ku Leipzig, m'dziko la Germany, anauyamba mu 2003. Nyimbo za Nobuo Uematsu za magemu a Final Fantasy zakhala zikuzungulira mayiko kuyambira 2007, ndipo mu 2022 ngakhale BBC Proms ya ku London inapatula usiku wathunthu wa nyimbo za magemu ku Royal Albert Hall. Mukautsata mwambowu kubwerera kumene unachokera, mukafika kwa Sugiyama, ndipo kumenekonso mupeza mkangano umene sunathe mpaka pano.

Sugiyama anabadwa pa 11 Epulo 1931 ku Tokyo. Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse inatha ali ndi zaka 14. Ngakhale ankakonda nyimbo kuyambira ali mwana, sanapite ku sukulu ya zoimbaimba. Anakaphunzira ku yunivesite ya Tokyo, kenako n'kuyamba ntchito pa wailesi ya Nippon Cultural Broadcasting. Mu 1958 anasamukira ku Fuji TV, kumene ankawongolera pulogalamu ya nyimbo yotchuka kwambiri nthawi imeneyo, The Hit Parade. Anasiya ntchitoyi mu 1965, ndipo posakhalitsa kupeka nyimbo kunasanduka ntchito yake yodyera. Anapekera magulu otchuka monga The Peanuts ndi The Tigers, anapeka nyimbo za makatuni, za mafilimu ndi za otsatsa malonda zosawerengeka. Ngakhale lipenga limene limalira mpikisano waukulu wa mahatchi usanayambe ku mabwalo a Tokyo ndi Nakayama ndi lake.

Ndiye kuti pofika m'ma 1980 sanali munthu wosaka dzina. Dzina anali nalo, ndalama anali nazo. Chimene ambiri sankadziwa n'chakuti mkuluyu anali chidakwa cha masewera, kuyambira backgammon mpaka magemu a pakompyuta. Cha m'ma 1985 anagula gemu ya shogi, masewera a ku Japan ofananako ndi chess, yofalitsidwa ndi kampani ya Enix. M'bokosimo munali kakhadi kofunsa maganizo a wogula, kamene ambirife timangotaya. Iye analembapo maganizo ake, ndipo monga ankafotokozera yekha, anangokasiya patebulo. Amene anakaponya ku positi ndi mkazi wake. Ku Enix atawona dzina limene linali pakhadipo anadzidzimuka. Mmodzi wa mabwana a kampaniyo, Yukinobu Chida, anamufunsa ngati angalole kupeka nyimbo za magemu awo, iye n'kuvomera. Anayamba ndi gemu ya pakompyuta ya Wingman 2, kenako kunabwera Dragon Quest.

Sikuti onse anamulandira ndi manja awiri. Gemuyo inkapangidwa ndi anyamata: Yuji Horii ndiye ankalemba nkhani yake, Akira Toriyama ankajambula anthu ndi zilombo, ndipo Koichi Nakamura wa kampani ya Chunsoft, yemwe anali ndi zaka 21 zokha, ankatsogolera olemba mapulogalamu. Nakamura anakayika. Mdala wa zaka za m'ma 50, wa pa TV, angadziwe chiyani za magemu? Atakumana n'kuyamba kucheza za masewera amene aliyense amakonda, Nakamura anazindikira kuti mdalayo ankawadziwa magemu kuposa anyamata ambiri, ndipo kukayika kuja kunathera pomwepo.

Apa ndi pamene pali nkhani imene imandigwira mtima kwambiri. Makina a Famicom a kampani ya Nintendo, amene anatuluka mu 1983, ankatha kutulutsa mawu a nyimbo atatu okha nthawi imodzi, kuphatikizapo kaphokoso kongoti shii koyerekezera ng'oma. Gemu yonse ya Dragon Quest, zithunzi, nkhani ndi nyimbo zomwe, inayenera kukwana mu 64 KB, malo amene lero sangasunge ngakhale chithunzi chimodzi chojambulidwa bwino pa foni. Munthu wozolowera kulembera oimba makumi angapo akanatha kunyoza n'kungopereka zilizonse, poti ndi za ana. Sugiyama anapatsidwa pafupifupi sabata imodzi, ndipo anabweretsa nyimbo zisanu ndi zitatu, iliyonse ndi malo ake: yotsegulira, ya kunyumba ya mfumu, ya m'mudzi, ya kutchire, ya kuphanga, ya nkhondo, ya nkhondo yomaliza, ndi yotsekera.

Mukamvetsera ya kunyumba ya mfumu, mumva mawu awiri akuthamangitsana ndi kuyankhizana monga mmene zimakhalira m'nyimbo za Johann Sebastian Bach. Ya kutchire, imene imalira mnyamata wa m'gemuyo akamayenda yekha, si yachamuna ngati ya asilikali ayi. Ndi yachisoni, yosonyeza munthu amene ali yekhayekha kutali ndi kwawo. Ya kuphanga ndiyo yochenjera kuposa zonse: ndi nyimbo imodzi yomweyo, koma mukamatsikira pansi, imatsika mawu ndi kuchepa liwiro, moti mantha amakula popanda kuwonjezera chilichonse m'makinamo. Sugiyama ankanena kuti nyimbo ya m'gemu imasiyana ndi ya pa wailesi chifukwa wosewera aimva kambirimbiri, maola ndi maola, choncho iyenera kukhala yosatopetsa khutu. Za nyimbo yotsegulira ija ankati inamubwerera m'mphindi zisanu, koma ankawonjezera kuti kumbuyo kwa mphindi zisanuzo kunali zaka 54 za moyo wake.

Dragon Quest inatuluka pa 27 Meyi 1986. Chaka chomwecho nyimbo zake zinajambulidwa ndi oimba enieni n'kugulitsidwa pa chimbale, ndipo chaka chotsatira kunachitika konsati ya ku Suntory Hall ija, imene anaitcha Family Classic Concert. Kuika Saint-Saëns koyambirira sikunali mwangozi. Cholinga chake chinali chakuti mwana amene wabwera chifukwa cha gemu abwerere kwawo atalawako orchestra, kuti mawa adzafune kumvanso. Konsatiyi inakhala ya chaka ndi chaka kwa zaka zoposa makumi atatu.

Gemu yachitatu ya Dragon Quest itatuluka pa 10 Febuluwale 1988, tsiku Lachitatu, mizere ya ogula inazungulira misewu ya Tokyo, ndipo apolisi anagwira ana ambirimbiri amene anajomba ku sukulu. Kuyambira pamenepo Enix inayamba kutulutsa magemu akuluakulu a Dragon Quest kumapeto kwa sabata. Anthu ena amati boma linachita kukhazikitsa lamulo loletsa kuwatulutsa mkati mwa sabata, koma si zoona. Inali nzeru ya kampaniyo. Chimbale cha nyimbo za gemu imeneyi chinaimbidwa ndi NHK Symphony Orchestra, ndipo pambuyo pake Sugiyama anajambulanso nyimbo zake ndi London Philharmonic Orchestra. Kuyambira 1991 anatsogolera makonsati ena amene munkaimbidwa nyimbo za anzake a makampani ena, monga Koji Kondo wa Nintendo ndi Nobuo Uematsu wa Square. Achinyamatawa ankamutenga ngati kholo pa ntchitoyi, poti ndiye anawatsegulira khomo la holo zimene kale sakanaponda.

Mpaka apa mbiri yake ndi yokoma kuifotokoza. Koma munthu yemweyu ali ndi mbiri ina, ndipo kuibisa kungakhale kunamiza owerenga.

Pa nthawi ya nkhondo, asilikali a Japan ankasunga akazi ochokera ku Korea, China, Philippines, Indonesia ndi mayiko ena m'nyumba zimene ankawagwiririramo. Kwa zaka zambiri akaziwa anakhala chete chifukwa cha manyazi amene sanali awo. Mu Ogasiti 1991 mayi wina wa ku South Korea, Kim Hak-sun, anaima poyera n'kufotokoza zimene anamuchita, ndipo ena anatsatira. Pa 4 Ogasiti 1993 boma la Japan, kudzera mwa mlembi wamkulu wa nduna Yohei Kono, linavomereza kuti asilikali anakhudzidwa ndi nyumbazi komanso kuti akazi ambiri anatengedwa mosafuna, ndipo linapepesa.

Sugiyama anali m'gulu la anthu a ku Japan amene sanagwirizane ndi kuvomereza kumeneku. Mu 2007, phungu wa ku America Mike Honda anabweretsa ku nyumba ya malamulo ya dzikolo chigamulo chopempha Japan kuti ipepese momveka bwino. Mu Febuluwale chaka chimenecho amayi atatu okalamba, awiri a ku Korea ndi Jan Ruff-O'Herne wobadwira m'banja la Chidatchi ku Java, anapereka umboni pamaso pa aphungu. Pa 14 Juni, m'nyuzipepala ya Washington Post munatuluka chilengezo cholipira cha tsamba lathunthu chamutu wakuti "The Facts", chonena kuti palibe chikalata chosonyeza kuti asilikali anakakamiza akaziwo, ndiponso kuti anali akazi ogulitsa thupi amene ankalipidwa. Dzina la Sugiyama linali pakati pa anthu asanu a komiti imene inakonza chilengezocho. Chilengezocho sichinaphule kanthu, chinangokwiyitsa anthu, ndipo chigamulo chija chinadutsa pa 30 Julayi. Sugiyama ankatsutsanso mbiri ya kuphedwa kwa anthu ochuluka ndi asilikali a Japan mumzinda wa Nanjing ku China mu 1937, nkhani imene akatswiri a mbiri yakale, kuphatikizapo a ku Japan komweko, ali nayo ndi umboni wokwanira. Patapita zaka, mu 2018, kampani ya Square Enix, imene inapangidwa Enix itaphatikizana ndi Square, inakakamizika kunena poyera kuti maganizo a Sugiyama si a kampaniyo, anthu atakwiya ndi pulogalamu ina ya pa TV imene iye anagwirizana ndi wandale Mio Sugita pa zonyoza amuna kapena akazi okondana okhaokha.

Ine ndimaona kuti pa nkhani ya amayi aja Sugiyama analakwa kwambiri. Sanangokhala ndi maganizo ake m'nyumba mwake. Anatenga dzina limene ana ndi makolo anamupatsa chifukwa cha nyimbo n'kukaliika pa tsamba lotsutsa agogo amene anali atangolira pamaso pa dziko. Ndipo chimandipweteka n'chakuti ameneyu ndi munthu amene anadziwa kuika kusungulumwa kwa mnyamata wongopeka m'mawu awiri a kamakina. Khutu lomva chisoni anali nalo. Amayiwo sanafune kuwamvera.

Ku Japan nkhanizi sizinamugwetse. Anapitiriza kupeka nyimbo za Dragon Quest iliyonse, mu 2016 analowa m'buku la Guinness monga wopeka nyimbo za magemu wachikulire kuposa onse, mu 2018 boma linamupatsa mendulo ya Order of the Rising Sun, ndipo mu 2020 linamulemekeza monga munthu wotukula chikhalidwe. Kunja kwa Japan ndiye kunali kung'ung'udza, ndipo kwina kunali kwa nyimbo zenizenizo. Dragon Quest XI itafika kumayiko a azungu mu 2018, osewera anadandaula kuti nyimbo zake zinali za pakompyuta chabe, pamene za orchestra zinalipo. Ambiri analoza chala Sugiyama chifukwa umwini wa nyimbozo unali m'manja mwa kampani yake, Sugiyama Kobo. Mu 2019 gemuyo inatulukanso ili ndi nyimbo zoimbidwa ndi Tokyo Metropolitan Symphony Orchestra.

Mkanganowu unafika pachimake pa 23 Julayi 2021, pa mwambo wotsegulira masewera a Olympics ku Tokyo. Bwalo linalibe anthu owonerera chifukwa cha Covid-19. Okonza mwambowo anasankha kuti magulu a mayiko onse, la Malawi ndi la Zambia omwe, alowe m'bwalo poyenda ndi nyimbo za magemu a ku Japan, ndipo yoyamba kulira, pamene gulu la Greece linkalowa, inali yotsegulira Dragon Quest. Kwa anthu ambiri a ku Japan amene anakula ndi Famicom inali nthawi ya misozi. Koma sabata yomweyo woimba Keigo Oyamada anali atatula pansi udindo wake pa mwambowo chifukwa cha nkhanza zimene ankachitira anzake olumala ali pa sukulu, ndipo kutatsala tsiku limodzi kuti mwambowo uchitike, wowongolera mwambo Kentaro Kobayashi anachotsedwa ntchito chifukwa cha nthabwala yakale yokhudza kuphedwa kwa Ayuda. Choncho ena anafunsa: ngati awiriwa achoka, bwanji nyimbo ya munthu wotsutsa za Nanjing ndi za amayi aja ikulandira othamanga a ku China, Korea ndi Philippines? Ena anayankha kuti nyimboyo inasiya kalekale kukhala ya munthu mmodzi, ndi ya aliyense amene anakula nayo.

Patangopita miyezi iwiri, pa 30 Sepitembala 2021, Sugiyama anamwalira ali ndi zaka 90. Square Enix inalengeza imfayi pa 7 Okutobala, n'kunena kuti anapekera Dragon Quest nyimbo zoposa 500 pa zaka 35, ndiponso kuti ntchito yake yomaliza inali nyimbo za Dragon Quest XII, gemu imene inali italengezedwa mu Meyi chaka chomwecho.