Simunakwatirane koma mwana alipo, akhale ndi ndani?

Ku ofesi kuno nkhani iyi imabwera pafupifupi sabata iliyonse. Mayi wabereka mwana kumbuyo, m'manja buku lakusikelo lothaitha, akuti bambo ake anazimitsa foni mimba itangooneka. Tsiku lina ndi bambo, wasunga mamesegi onse a Airtel Money omwe amatumiza, akuti kuchikazi akumukaniza ngakhale kungomuona mwana poti "sanatulukire kwathu kuno".

Gawo 23 la Konsitityushoni yathu likuti ana onse ndi ofanana pamaso pa lamulo posatengera m'mene anabadwira, komanso mwana ali ndi ufulu wodziwa makolo ake ndi kuleredwa nawo. Ndiye zoti uyu ndi mwana wam'chigololo kapena wapatchire, kukhoti sizigwira ntchito.

Ndikudziwa amalume anena kuti kwathu mwana ndi wakuchikazi, kumpoto ena anena kuti popanda malowolo bambo alibe chake. Mwambo ndimaulemekeza koma majisitireti akafunsa zina: mwanayu wakhala akugona kuti, akadwala malungo usiku amathamanga naye kuchipatala ndani, sukulu akupita? Lamulo la Child Care, Protection and Justice Act la 2010 limatsogoza ubwino wa mwana, osati amene ali ndi thumba lalikulu. Khanda loyamwa kawirikawiri limatsala ndi mayi, koma sikuti basi bambo wachotsedwa, atha kupempha masiku omuona kapena kumutenga pa holide.

Apa ndipomwe ambiri mumalakwitsa, ndipo zimandipweteka. Chithandizo ndi kuona mwana ndi nkhani ziwiri zosiyana. Amayi musamutsekere mwana m'nyumba chifukwa ndalama ya mwezi uno sinabwere, abambo inunso musaleke kugula mkaka ndi yunifomu chifukwa mwakanizidwa kumuona, amene amagona ndi njala pamenepo ndi mwana yemweyo mukulimbiranayo.

Bambo akakana mimba? Khoti la ana litha kugamula kuti bambo ndani. Limaona dzina lomwe lili pa setifiketi yakubadwa ya ku NRB (ofesi ya boma yakalembera wa anthu), ngati anavomerapo pagulu, ndipo litha kulamula kuyezetsa DNA. Kukana kuyezetsa nakonso kumawerengedwa. Choncho mamesegi aja a WhatsApp akuti "mwana wanga ali bwanji" musafufute.

Ngati loya simungakwanitse yambani ku ofesi ya Social Welfare ya m'boma lanu kapena ku Legal Aid Bureau, bungwe la boma lothandiza pa milandu anthu omwe sangathe kulipira loya, mutenge buku lakusikelo, malisiti ndi munthu amene analipo pomwe akuluakulu a mbali ziwiri ankakambirana.