Madzi a ku Beira sakwera chifukwa cha mvula

Madalaivala a malole a kuno ku Mchinji amene amapita kudoko la Beira amabwerako ndi nkhani imodzimodzi. M'mawa pamathiriro a mtsinje wa Pungwe pamakhala matope okhaokha, mabwato atagona chammbali, koma pofika masana madzi ali tho. Ambiri amati yagwa mvula kumtunda. N'zomveka, popeza Bua wathu amasefukiradi mvula ikagwa. Komatu Pungwe amachita zimenezi ngakhale mu Okutobala, dzuwa likuswa mtengo.

Mwini nkhani ndi mwezi. Mphamvu yake yokoka imatukumula nyanja yamchere, ndipo dziko likamazungulira, madzi amakwera ndi kutsika kawiri pa maola pafupifupi 24 ndi mphindi 50. N'chifukwa chake nthawi yodzaza imachedwerako tsiku ndi tsiku. Dzuwa nalo limakoka, koma mocheperapo. Mwezi ukakhala wathunthu kapena uli mumdima, ziwirizi zimakhala pamzere umodzi ndi dziko n'kumakokera pamodzi, ndipo ku Beira kusiyana kwa madzi odzaza ndi ophwera kumaposa mamita 6.

Gombe losaya ndi mathiriro opita nachepa zimaunjika madziwo mpaka amchere kulowa mumtsinje chobwerera kumtunda. Pamathiriro a mtsinje wa Severn ku Britain kusiyanaku kumafika mamita 14.