Mafunso amene mukutifunsa pa za mayeso a ISTQB

Sabata ino foni ya kuofesi siyikupuma, ena mukubwera nokha kudzadandaula, ndiye tiyankhe pano kamodzi.

Kodi ISTQB ndi chani?
Ndi bungwe lomwe linayamba mu 2002, limakonza silabasi ndi satifiketi ya anthu oyesa mapulogalamu ndi mawebusayiti. Ife timangophunzitsa, mayesowo si athu.

Mayeso amakhala otani?
Mafunso 40 osankha yankho, mphindi 60, mukhoze 26 kuti mupambane. Poti Chingerezi si chilankhulo chathu mutha kupempha nthawi yowonjezera kufika mphindi 75, koma pemphani polembetsa, osati tsiku lolemba.

Ndilibe digiri ya kompyuta, ndingalembe?
Eya. Gawo loyambirira, lotchedwa Foundation, silifuna pepala lililonse, ndipo silabasi yake ya 2023 imapezeka ulere pa intaneti.

Tinalipira kale, bwanji mukutinso tilipire za mayeso?
Apa ndi pamene pali phokoso lalikulu, ndiye chonde werengani bwinobwino. Ndalama imene munapereka inali ya maphunziro, ya mayeso imapita kwa olembetsa mayesowo ndipo amafuna ndalama zakunja, si ife timaika mtengo. Kwacha itagwa ndi 44% mu Novembala 2023 mtengo wake mu makwacha unakwera pompo, kupezanso madola kubanki mukudziwa nokha mmene kumavutira. Tikuvomereza kuti polembetsa sitinafotokoze momveka, ena anamva ngati zonse zili pamodzi, pamenepo tinalakwitsa. Za kubweza ndalama sitingalonjeze pano, bwerani ndi risiti yanu tione nkhani ya aliyense payekha. Mukalephera, kulembanso kumafuna kulipiranso.

Ndikakhala ndi satifiketi ndiye kuti ntchito ndapeza?
Ayi, tisanamizane. Olemba ntchito amafuna aone ngati maso anu amagwira zolakwika, ndiye dziyeseni chonchi. Tengani fomu yolembetsera pa webusayiti, m'bokosi la nambala ya foni lembani zilembo muone ngati ikukana. Ngati imalola zaka 18 mpaka 65, yesani 17, 18, 65 ndi 66, zolakwika zimabisala m'malire momwemo. Dinani batani lotumiza kawiri mofulumira. Itseguleninso pa kafoni ka Android kakale netiweki ikuvuta, poti ambiri mwa anthu athu amalowa choncho. Mukapeza bug (cholakwika cha mu pulogalamu) lembani masitepe onse, zimene mumayembekezera, zimene zachitika, ndi screenshot, kuti wopanga webusayitiyo asachite kukufunsani kawiri.

Nanga Selenium ndi Postman?
Zimenezo ndi zida za pakompyuta zothandiza poyesa mapulogalamu, tiyamba mukamaliza kuyesa pamanja.