Momwe filimu ya The Thin Man inabadwira pakati pa malamulo awiri

Pa 5 Disembala 1933, dziko la America linathetsa lamulo loletsa mowa lomwe linakhalapo kuyambira 1920. Pa 1 Julayi 1934, ofesi ya Joseph Breen inayamba kuunika mafilimu a ku Hollywood asanaonetsedwe, n'kumadula chilichonse chomwe inkati n'chosayenera. Pakati pa masiku awiriwa, mu Meyi 1934, kampani ya MGM inatulutsa The Thin Man (kutanthauza Munthu Wowonda), filimu ya mlandu wakupha koma yoseketsa, yomwe anthu ake sasiyana ndi tambula kuyambira m'mawa mpaka usiku.

Mafilimu olankhula anali akadali makanda. Itatuluka The Jazz Singer, imodzi mwa mafilimu oyamba olankhula, mu 1927, kamera ankaitsekera m'kachipinda kuti phokoso lake lisamveke, ndipo osewera ankaima chilili pafupi ndi maikolofoni yobisidwa. Pofika 1934 vutoli linali litatha, osewera akuyenda n'kumayankhana mwachangu. Wotsogolera filimu ya The Thin Man, W. S. Van Dyke, anali munthu wosafuna kubwereza chinthu kawiri, moti anaijambula yonse m'masabata osakwana atatu.

Nkhaniyo inachokera m'buku la Dashiell Hammett, yemwe kale anagwirako ntchito yofufuza milandu ku kampani ya Pinkerton. Bambo wina wopanga makina, Clyde Wynant, wasowa, ndipo mlembi wake wapezeka atawomberedwa. Nick Charles anali atasiya kale zofufuzafufuza atakwatira Nora, mkazi wolemera, koma mkaziyo akum'kakamiza chifukwa akufuna kuona ndi maso ake momwe ntchitoyi imayendera. Mtembo womwe galu wawo Asta akuununkhiza pansi pa simenti wavala zovala za munthu wonenepa, pomwe ndi wa Wynant yemweyo, munthu wowonda wa pamutu wa filimuyo. Pamapeto Nick akuitanira onse oganiziridwa ku chakudya chamadzulo, n'kum'gwira wakuphayo ali pathebulo.

Koma kunena zoona, ndi ochepa amakumbukira yemwe anapha. Chomwe chinakoka anthu ndi banja lija. Nthawi imeneyo filimu inkathera paukwati, ngati kuti zosangalatsa zonse zimathera pomwepo. Apa panali mwamuna ndi mkazi okwatirana kale, ochezeka, osekana, osatopetsana. Nora atapeza kuti mwamuna wake wamwa kale matambula 6, akuitanitsa 5 ena pamwamba pa yomwe ali nayo, ati awandandalike pamzere kuti alingane. M'mawa wa Khrisimasi Nick wagona pasofa, akuphulitsa mabaluni a pamtengo wa Khrisimasi ndi kamfuti kampweya komwe walandira ngati mphatso, mkazi wake akungomuyang'ana cham'mbali. N'zosadabwitsa kuti omwe analemba mawu a m'filimuyi, Albert Hackett ndi Frances Goodrich, nawonso anali banja.

Akuluakulu a MGM sankamufuna Myrna Loy pa gawo la Nora, popeza anazolowera kumupatsa magawo a mkazi wonyengerera wa kumayiko a Kum'mawa. Van Dyke, yemwe anali atangomujambula limodzi ndi William Powell (wosewera gawo la Nick) mu filimu ya Manhattan Melodrama, anaumirira. The Thin Man inapikisana nawo pa mphoto zinayi za Oscar, ngakhale sinapate ndi imodzi yomwe, chifukwa chaka chimenecho filimu ya It Happened One Night inakokolola zikuluzikulu zonse. Panatuluka mafilimu ena 5 a Nick ndi Nora mpaka 1947, ndipo Powell ndi Loy anaonekera limodzi m'mafilimu 14, moti anthu ambiri ankaganiza kuti ndi banja lenileni.