Chaka chimene Jalen Hurts anakhala pa benchi

Mu mpira wa ku America, uja wa zipewa zolimba ndi mpira wosongoka uku ndi uku, palibe udindo wolemera kuposa wa quarterback. Timu imapatsidwa mipata inayi kuti isunthe mayadi 10, ndipo yadi imaperewera pang'ono pa mita. Ikalephera, mpira umapita kwa anzawo. Pafupifupi pa mpata uliwonse mpira umayamba wadutsa m'manja mwa quarterback, ndipo iye amakhala ndi masekondi atatu, mwinanso osakwana, kuti aone amene ali poyera n'kumuponyera, uku zimphona za timu inayo zikumuthamangira kuti zimugwetse. Ife ophunzitsa masewera timati ntchito imeneyi ndi ya maso ndi mutu. Mkono ndi miyendo zimangotsatira.

Mbiri ya Jalen Hurts pa sukulu za ukachenjede imaonetsa bwino zimenezi. Anakulira ku Channelview, pafupi ndi Houston ku Texas, ndipo ku sekondale mphunzitsi wake wa mpira anali bambo ake omwe. Mu 2016 anapita ku yunivesite ya Alabama kwa mphunzitsi Nick Saban, ndipo pofika masewera achiwiri, mnyamata wa zaka 18 ameneyu ndiye anali kutsogolera timu monga quarterback. Zimenezi zinali zisanachitikepo ku Alabama kwa wophunzira wongobwera kumene chichokereni 1984. Anaifikitsa timuyo mu fainali ya dziko lonse, pomwe yunivesite ya Clemson inawagonjetsa 35-31 kutatsala sekondi imodzi.

Pa masewera 28 amene anayamba, anapambana 26. Mu 2017 mpira wake unagwidwa ndi timu yolimbana nayo kamodzi kokha chaka chonse. Ambiri akamva zimenezi amaomba m'manja, koma diso la mphunzitsi limaonapo china. Hurts ankayang'ana wolandira woyamba, ndipo akapeza kuti watsekedwa, ankakumbatira mpira n'kuyamba liwiro. Wachiwiri ndi wachitatu, amene nthawi zambiri ndiwo amakhala poyera, sankawadikira. Ndi matimu ofooka miyendo yake inkabisa vutoli. Ndi timu ya yunivesite ya Georgia silinabisike.

Pa 8 January 2018 ku Atlanta, chigawo choyamba cha fainali chinatha Alabama ili kumbuyo 13-0, Hurts atangopeza mayadi 21 poponya. Saban anamukhazika pansi n'kulowetsa Tua Tagovailoa wa ku Hawaii, wa chaka choyamba, woponyera kumanzere. M'nthawi yowonjezera Tagovailoa anaponya mpira wa mayadi 41 kwa DeVonta Smith, Alabama n'kutenga chikho 26-23.

Apa m'pamene pali nkhani, ndipo kuti imveke tiyenera kudziwa malamulo. Wosewera wa pa koleji ankaloledwa kusewera zaka zinayi zokha mkati mwa zaka zisanu. Chaka chimodzi chikathera pa benchi, ndiye kuti gawo lalikulu la mwayi wodzionetsa kwa matimu a NFL, ligi yaikulu ya osewera olipidwa, lapita, ndipotu nthawi imeneyo osewerawa sankalandira malipiro. Mu 2018 munabwera lamulo lakuti amene sanapyole masewera anayi, chaka chimenecho sichiwerengedwa. Kelly Bryant wa ku Clemson, atalandidwa malo ndi Trevor Lawrence, anachoka masewera anayi atangokwana. Sindimuda mpang'ono pomwe, ankateteza tsogolo lake.

Hurts anakhalabe. Anavala zilimbe n'kumalowa m'bwalo masewera atatha kale kuweruzika, ndipo chaka chimenecho chinawerengedwa. Koma anachigwiritsa ntchito. Pansi pa mphunzitsi wa ma quarterback Dan Enos anakonza kapondedwe ka mapazi ake ndi kuphunzira kuima chilili maso ali kutsogolo, ngakhale anthu akumugwera. Izi n'zovuta kuziphunzira ukamasewera sabata iliyonse, chifukwa pofuna kupambana munthu umabwerera ku chimene unazolowera. Anamalizanso digiri yake mu December, ndipo malamulo ankalola womaliza maphunziro kusamukira sukulu ina n'kusewera pompo, osadikira chaka.

Pa 1 December 2018, m'bwalo lomwe lija la ku Atlanta, ndi Georgia yomweyo, Tagovailoa anavulala kakolo Alabama ili kumbuyo 28-21 m'gawo lomaliza. Hurts analowa. Anthu amakumbukira kwambiri liwiro lake la mayadi 15 limene linapambanitsa masewerawo 35-28. Ine ndimakumbukira zimene zinachitika liwirolo lisanafike: pa mipata yachitatu, pomwe kulephera kukanatanthauza kupereka mpira, anaima, anayang'ana, anaponya. Pa mipira 9 imene anaponya, 7 inafika, umodzi mwa iyo kwa Jerry Jeudy wofananitsa mapointi. Wosewera amene anakhazikidwa pansi mu January uja sakanatha kuchita zimenezi.

Chaka chake chomaliza anakachisewera ku yunivesite ya Oklahoma kwa mphunzitsi Lincoln Riley, yemwe anali atatulutsa kale Baker Mayfield ndi Kyler Murray, onse olandira mphoto ya Heisman, ya wosewera wopambana onse m'makoleji. Kumeneko mu 2019 Hurts anaponya mayadi 3,851 ndi ma touchdown (zigoli za mpira umenewu) 32, n'kuthamanga mayadi enanso 1,298. Pa mavoti a Heisman anakhala wachiwiri kwa Joe Burrow wa yunivesite ya Louisiana State (LSU), amene timu yake inatulutsa Oklahoma mu semifainali 63-28.

Komabe matimu a NFL ankamukayikira mkono. Posankha osewera mu 2020, ma quarterback anayi anatengedwa iye asanatchulidwe: Burrow pa nambala 1, Tagovailoa pa nambala 5, kenako Justin Herbert ndi Jordan Love. Philadelphia Eagles inamutenga pa nambala 53, monga wothandizira Carson Wentz, kutanthauza benchi kachiwiri. Malowo anawatenga chaka chisanathe, ndipo mu February 2025 anatsogolera Eagles kugonjetsa Kansas City Chiefs 40-22 mu Super Bowl, fainali ya NFL, n'kusankhidwa wosewera wopambana wa masewerawo.