Lachisanu lomwe linagwetsa timu ya Wyoming mu 1969

Mu Seputembala 2019, yunivesite ya Wyoming ku America inaitana madoda a imvi kumutu kuti idzawapepese. Kalata yopepesayo anaiwerenga ndi Tom Burman, mkulu wa zamasewera pasukulupo. Mlanduwo unali utagona zaka 50, ndipo nthawi iliyonse kukabuka mkangano wa osewera ochita zionetsero pabwalo, dzina loti Black 14, la osewera akuda 14 omwe anachotsedwa pa timu ya sukuluyi mu 1969, limatulukanso.

Timu ya mpira wa ku America ya sukuluyi, Cowboys, inali yoopsa masiku amenewo. Pansi pa kochi Lloyd Eaton inatenga chikho cha ligi ya Western Athletic Conference zaka zitatu zotsatizana, 1966, 1967 ndi 1968. Mu 1967 inapambana masewero onse 10 n'kukagonja kwa yunivesite ya Louisiana State (LSU) ku Sugar Bowl, sewero lalikulu lotsekera sizoni. Chaka cha 1969 inayambanso ndi moto, masewero anayi osagonja. Sewero lotsatira linali lakwawo ku Laramie pa 18 Okutobala, ndi Brigham Young University (BYU), sukulu ya mpingo wa Mormon.

Nthawi imeneyo mpingowu sunkalola amuna akuda kukhala ansembe. Bungwe la ophunzira akuda pa Wyoming, lotsogozedwa ndi Willie Black, linakonza zionetsero. Osewera akuda a timuyi analinso ndi chawo kukhosi: amati atapita ku Provo, kwawo kwa BYU, chaka chapitacho anatukwanidwa chifukwa cha khungu lawo. Eaton naye anali ndi lamulo lake loti wosewera wake aliyense asapezeke pa zionetsero, ndipo anali atachenjeza kale kaputeni Joe Williams mkati mwa sabatayo.

M'mawa wa Lachisanu pa 17 Okutobala, osewera akuda onse 14 anapita ku ofesi ya kochi atavala tinsalu takuda pamkono, pamwamba pa zovala zawo wamba. Eaton anawatengera ku mabenchi a m'holo ya masewera, ndipo pomwepo anawauza kuti ntchito yawo pa timu yatha.

Zomwe zinayankhulidwa m'holomo timazimva kwa mbali ziwiri zokha, chifukwa munalibe mboni yapadera. Eaton ankati pofika ndi tinsaluto anali ataswa kale lamulo, panalibenso chokambirana. Osewera monga Mel Hamilton, John Griffin ndi Tony McGee akhala akunena chimodzimodzi kwa zaka zonsezi, kuti anapita kukapempha chilolezo, akanakanizidwa akanavula n'kusewera. Amatinso aliyense woyesa kutsegula pakamwa ankamukalipira kuti akhale chete, ndipo kochi anawauza zopita kusukulu za anthu akuda ngati Grambling. N'zoona kuti munthu akakumbukira nkhani kwa zaka 50 amaisalaza. Koma mbali zonse zimavomereza kuti zinatha m'mphindi zochepa, sewero lisanachitike, palibe yemwe anali atalowa m'bwalo ndi kansalu. Pamenepa ndi pomwe mawu a anyamatawo amalemerera.

Usiku womwewo akuluakulu oyang'anira yunivesite anakumana pamodzi ndi bwanamkubwa wa Wyoming, Stanley Hathaway, mpaka m'mbandakucha. Anaima kumbuyo kwa kochi. Loweruka Wyoming inaswa BYU 40 kwa 7, sabata yotsatira inagonjetsanso San Jose State, ndipo ochemerera ambiri anati mwaonatu, bwana sanalakwe.

Masewero awiriwo anabisa bala. Mpira uwu sufanana ndi wathu wa miyendo, pomwe anthu 11 omwewo amaukira n'kutchinganso. Kumeneko timu imakhala ndi gulu la 11 loukira ndi gulu lina la 11 lotchinga, aliyense ndi ntchito yake yomwe wakhala akuibwereza kuyambira pokonzekera sizoni. Ndi masewera ogundana thupi ndi thupi, choncho pofika Novembala ovulala amakhala ambiri ndipo timu imadalira a pabenchi. Ukachotsa anthu 14 tsiku limodzi, ena mwa iwo oyamba m'bwalo, wa pabenchi amakwera kukhala woyamba ndipo kumbuyo kwake kumatsala mbee. Sabata yoyamba mkwiyo ndi phokoso la ochemerera zimakunyamula. Otsutsana nawe akaonera mafilimu a masewero ako n'kuona pomwe pali pofooka, amangobaya pomwepo. Wyoming inagonja masewero anayi omaliza, sizoni n'kutha itapambana 6 n'kugonja 4.

Choopsa kwambiri chinadza pofuna osewera atsopano. Nthawi imeneyo timu ya yunivesite sinkagula osewera, inkakopa ana a sekondale powalonjeza maphunziro aulere, ndipo makochi ankakagogoda m'makomo mwa makolo. Wyoming ndi dera la anthu ochepa, imadalira ana ochokera kutali. Kholo lakuda liti likanatumiza mwana ku Laramie litamva nkhaniyi? Mu 1970 timuyi inapambana sewero limodzi lokha mwa 10, ndipo Eaton anachoka pa ukochi.

Za kukhoti n'zazifupi. Mlandu womwe osewerawo anakasuma, wa Williams v. Eaton, unazungulira mpaka 1972, osewera n'kuluza. Oweruza anati yunivesite ya boma siyenera kuoneka ngati ikunyoza chipembedzo cha ena. Chodabwitsa n'chakuti mu Febuluwale 1969 khoti lalikulu la dzikolo, pa mlandu wa Tinker v. Des Moines, linali litalola ana asukulu kuvala tinsalu takuda tomweti potsutsa nkhondo ya ku Vietnam.

Atatu mwa 14 aja, Griffin, Don Meadows ndi Ted Williams, anabwerera pa timu mu 1970. McGee anasamukira ku Bishop College, kenako n'kusewera zaka 14 mu NFL, ligi yaikulu ya mpirawu, n'kupambana chikho chake cha Super Bowl ndi timu ya Washington. Joe Williams anakasewera ku Dallas Cowboys, timu ina ya mu NFL. Mpingo wa Mormon unachotsa chiletso cha unsembe mu Juni 1978, ndipo mu 2020 unagwirizana ndi ena mwa Black 14 kugawa chakudya kwa osowa m'madera awo. Eaton anamwalira mu 2007, zaka 12 kalata ija isanawerengedwe.