Ku Bologna musaitanitse spaghetti bolognese

Anthu ambiri amaganiza kuti chakudya cha makolo mumzinda wa Bologna ku Italy ndi spaghetti bolognese, kutanthauza spaghetti yothira msuzi wa nyama yogaya. Ayi ndithu. Eni ake msuzi wa nyamawu amautcha ragù, ndipo amadyera tagliatelle, pasta yophwathalala yokanda ndi ufa wa tirigu ndi mazira. Akudziwa chimene akuchita: tagliatelle ndi yokhakhala, nyama yogaya imakakamira bwino, pomwe pa spaghetti imangotereraka n'kutsalira pansi pa mbale.

Ragù weniweni sachuluka tomato. Mumakhala nyama ya ng'ombe, ya nkhumba pang'ono, anyezi, karoti ndi vinyo, ndipo amawira pamoto wochepa kwa maola awiri kapena kuposerapo. Kaphikidwe kake kanalembetsedwa ku bungwe la zamalonda la mzindawu mu 1982. Ngati m'mimba mukadali malo, mulawenso tortellini wa mumsuzi, pasta yaing'onoing'ono yokhala ndi nyama m'kati.